Mbiri ya 6 Julaye ili mumsewu wa Chileka mpaka Limbe

Ndilankhule ndi anzanga okhala mumzinda wa Blantyre pa nkhani ya tsiku la ufulu wathu wodzilamulira. Masiku ano 6 Julaye ikafika, ambirife timangoti ndi holide. Ena amachapa zovala, ena amapita kumaliro, ndipo ogulitsa malonda ku Limbe amayala katundu wawo monga mwa masiku onse. Chonsecho mbiri ya tsikuli idachitikira pakhomo pathu penipeni, ndipo munthu angathe kuiyendera yonse tsiku limodzi pa ndalama ya minibasi.

Ulendowu uyambire ku Chileka. Pa 6 Julaye 1958, Dr Hastings Kamuzu Banda adatsika ndege pabwaloli atakhala kunja kwa zaka pafupifupi 40. Adaitanidwa ndi achinyamata a chipani cha Nyasaland African Congress monga Masauko Chipembere ndi Kanyama Chiume, kuti adzatsogolere nkhondo yothetsa chitaganya cha Rhodesia ndi Nyasaland. Ichi n'chifukwa chake tsikuli lidasankhidwa kukhala la ufulu mu 1964, komanso tsiku lomwe dziko lino lidasanduka Ripabuliki mu 1966. Tsiku ndi limodzi koma zokumbukira zake ndi zitatu.

Mukachoka ku Chileka, msewu ukutulani pa Clock Tower. Tsikani pamenepo, muyende wapansi kulowa m'tauni uku mukuwerenga mayina a misewu. Victoria Avenue ikukumbutsa mfumukazi ya ku Mangalande imene inkalamulira pamene dziko lino linkalowa m'manja mwa atsamunda mu 1891. Glyn Jones Road ndi dzina la bwanamkubwa womaliza wa Nyasaland. Chilembwe Road ndi ya mbusa uja wa ku Mbombwe ku Chiradzulu amene adaukira atsamunda mu 1915. Wolamulira ndi womuukira adasanduka anansi m'tauni imodzi.

Chapomwepo, mu Hannover Avenue, pali hotela ya Ryalls. Mu Januwale 1960, nduna yaikulu ya Britain, Harold Macmillan, idadzadya nkhomaliro pahotelayi, ndipo kunja kudasonkhana khamu la anthu ofuna kuti Kamuzu ndi anzake atulutsidwe m'ndende. Apolisi adalimbana ndi anthuwo pamaso pa atolankhani ochokera ku London, nkhani n'kumveka kutali. Pa 1 Epulo chaka chomwecho Kamuzu adatulutsidwa. Lero pakhomo pa hotelayi pamadutsa anthu ambirimbiri, ndipo ndikukayika ngati ana athu akudziwa kuti makolo awo adaima pamenepo osaopa zibonga.

Kwerani minibasi ya ku Limbe tsopano. Mudutsa pa Ginnery Corner ndi pachipatala cha Gulupu, kenaka pa Chichiri mupyola pansi pa chipilala chonga chipata chotchedwa Independence Arch. Msewu waukuluwu kale unkatchedwa Kamuzu Highway, koma ulamuliro wa zipani zambiri utabwera udapatsidwa dzina la Masauko Chipembere. Dzinali lili ndi phunziro lowawa. Patangotha miyezi iwiri chilandirireni ufulu, mu Sepitembala 1964, Kamuzu adasemphana ndi nduna zake. Orton Chirwa, Kanyama Chiume, Augustine Bwanausi ndi mayi Rose Chibambo adachotsedwa pamipando yawo, pomwe Yatuta Chisiza, Willie Chokani ndi Chipembere adatula pansi maudindo. Chipembere adamwalirira ku America mu 1975 osaliwonanso dziko lomwe adalimenyera nkhondo, ndipo Orton Chirwa adafera m'ndende ya Zomba mu 1992. Mwana akafunsa kuti Chipembere adali yani, tisamuyankhe kuti ndi msewu.

Pa Chichiri pomwepo ndi pamene pali mtima wa nkhani yonseyi, bwalo la Kamuzu Stadium. Usiku wa pa 5 Julaye 1964, anthu pafupifupi 40,000 adadzaza bwaloli m'nyengo yozizira ija. Nthawi itakwana 12 koloko, mbendera ya Britain idatsitsidwa ndipo m'malo mwake idakwera ya mitundu itatu: wakuda woimira anthu, wofiira woimira magazi a omenyera ufulu, wobiriwira woimira nthaka yathu, ndi dzuwa lotuluka pamwamba pake. Prince Philip adabwera kudzaimira mkazi wake, Mfumukazi Elizabeth. Dzina la Nyasaland lidathera pamenepo, ndipo dziko latsopanoli lidayamba ndi nyimbo yake ya fuko, yomwe adapeka Michael Sauka.

Amene tidakulira mu Ndirande, Zingwangwa kapena Chilomoni nthawi ya chipani chimodzi tikukumbukira mmene tsikuli linkakhalira. Kukatsala masiku ochepa, msewu waukulu unkakongoletsedwa ndi mbendera ndi mababu amitundumitundu, moti usiku makolo ankatenga ana kukangoona magetsiwo. Patsikulo anthu ankalawira m'mamawa, chiperoni chili waa, kuti akapeze malo. Kunja kwa bwalo kunkakhala nzimbe, mbatata yootcha, zitumbuwa ndi manachesi a ku Mwanza. M'kati asilikali ndi apolisi ankaguba, apayoniya n'kuonetsa luso lawo, kenaka n'kubwera magule ochokera m'zigawo zonse: ingoma, beni, malipenga, tchopa, chimtali ndi gule wamkulu. Amayi a mbumba ankavina atavala nsalu za nkhope ya Kamuzu, mwiniwake n'kutsika kudzavina nawo litchowa lili m'manja. Madzulo kunkakhala mpira, ndipo amene adalephera kulowa ankaunjikana pa wailesi kumvera MBC.

Zinkakoma ndithu, koma tisanamizane. Ambiri ankapita chifukwa kukana kudali kudziputira mavuto. Amayi ankasiya mabanja masiku angapo kukaphunzira nyimbo, ana asukulu ankaima m'mbali mwa msewu nthawi yaitali kudikira mdipiti wa galimoto zochokera ku Sanjika, ndipo wopanda khadi la chipani ayufi ankamubweza ngakhale pamsika. Mayina a anthu ngati Chipembere ndi Chiume sankatchulidwa mwaulemu m'bwalo muja. Chikondwerero cha mtundu wonse chidasanduka cha munthu mmodzi.

Chaka cha 1994 chitadutsa, chikakamizo chidatha, ndipo tiyenera kuthokoza. Koma tidataya mtedza pamodzi ndi makoko. Tsikuli lidayamba kudalira amene ali pampando. Bwalo lomwe atsamunda ankalitcha Rangeley lidakhala Kamuzu, kenaka Chichiri, mu 2004 n'kubwereranso ku Kamuzu. Mbendera idasinthidwa mu 2010, n'kubwezeretsedwa mu 2012. Zaka zina kumakhala mapemphero okha, zaka zina mpira waulere. Ndipo tisaiwale za pa 6 Julaye 2017, pamene anthu asanu ndi atatu, ambiri mwa iwo ana, adafa popondana pachipata cha Bingu National Stadium ku Lilongwe. Ana aja adapita kukasangalalira ufulu wa dziko lawo.

Mukachoka pabwalo, lowani m'nyumba yosungiramo zinthu zakale pa Chichiri, imene idatsegulidwa mu 1966. Ana amakonda kuona sitima yakale ili panja paja. Kuchokera apo pitani ku Kanjedza. Lero ndi dera la nyumba zokhalamo ngati lina lililonse, koma mu 1959 kudali msasa wotsekeramo anthu. M'bandakucha wa pa 3 Malichi chaka chimenecho, boma la atsamunda lidagwira Kamuzu n'kumutumiza kundende ya Gweru ku Zimbabwe, nthawiyo Gwelo ku Southern Rhodesia, ndipo mazanamazana a otsatira Congress adatsekeredwa ku Kanjedza. Anthu 51 adaphedwa m'dziko muno pa chipwirikiti chimenecho, ena a iwo ku Nkhata Bay. Popanda 3 Malichi sipakadakhala 6 Julaye.

Ulendo uthere mu Limbe, momwe Kamuzu adatsegula chipatala chake atangobwera kumudzi. Muli msewu wotchedwa Dunduzu, kukumbukira Dunduzu Chisiza, mlembi wamkulu wa chipani cha Malawi Congress, amene adafa pa ngozi ya galimoto pa Thondwe mu 1962 asanaone mbendera yatsopano ikukwera. Imani pamenepo muyang'ane achinyamata a kabaza, oitanira minibasi ndi amayi ogulitsa kaunjika. Ena mwa iwo ali ndi masatifiketi m'nyumba. Akamati ufuluwo sakuuona, tisawakalipire. Mnzathu wa ku Chilobwe amene nyumba yake idapita ndi matope a namondwe wa Freddy mu 2023 ali ndi ufulu wofunsa kuti zaka zonsezi tapindulanji. Koma funso limeneli limamveka bwino likachokera kwa munthu wodziwa kumene tidachokera, chifukwa iye amadziwanso chimene adalonjezedwa.

Pempho langa ndi ili. A khonsolo ya mzinda ndi oyang'anira za chikhalidwe aike zikwangwani za m'Chichewa pa Chileka, pafupi ndi Ryalls, pa Arch, pabwalo la Kamuzu ndi ku Kanjedza, zofotokoza mwachidule zomwe zidachitika pamalopo. Aphunzitsi atenge ana awo kukayendera malowa sabata ya 6 Julaye isanafike. Mipingo, mizikiti ndi mafumu a m'makwalala ku Bangwe, Mbayani ndi Machinjiri aitane agogo amene adaliko m'bwalo usiku uja kuti adzafotokoze okha. Mwana amene adali ndi zaka 15 mu 1964 adabadwa mu 1949, ndiye muwerengere nokha kuti otere atsala angati. Paja mawu a akulu akoma akagonera, koma amafunika wina awamve eni ake adakali moyo.

Izi sizilira bajeti ya boma kapena nsalu ya chipani. Chaka chino, kholo lililonse litenge mwana mmodzi, likwere naye minibasi, limuonetse malo amodzi okha mwa amenewa ndi kumuuza dzina la munthu mmodzi amene adavutikira dziko lino.