Mlandu umene ndalama za ku Joni sizingautseke

Kwa amalume, azakhali ndi onse a pakhomo kwa Njolomole, ku Ntcheu,

Malamulo a dziko la Malawi sayeza milandu yonse ndi mulingo umodzi, ndipo kusiyana kumeneku, komwe anthu ambiri akumudzi amakudziwa tsiku limene mwana wawo wagona m'chitokosi, ndiko kumaneneratu bwalo lomwe lidzazenge mlandu, masiku amene woganiziridwa angakhale pa rimandi, ndiponso munthu amene ali ndi mphamvu youthetsa. Wolemba kalatayi, yemwe ndi mwana wa pakhomo pomwepo ndipo watha zaka 9 ku Johannesburg, waona kuti nkofunika kuzifotokoza mofatsa, popeza chimangidwire mng'ono wake chifukwa cha ndewu ya tsiku la msika ija imene munthu adaferapo, lamya iliyonse yochokera kumudzi imathera pa mawu amodzimodzi, akuti atumize ndalama mwana atuluke. Akupereka moni kwa onse, ndipo akuthokoza azakhali chifukwa cha nyemba ndi ufa woyera zomwe zidafika bwino pa basi, komanso amalume chifukwa chosunga ana ake awiri ngati awo omwe.

Buku la malamulo a milandu yaupandu, lotchedwa Penal Code, lomwe lidayamba kugwira ntchito mu 1930 dziko lidakali m'manja mwa atsamunda ndipo lakhala likukonzedwa kangapo, limagawa milandu pawiri. Mlandu waukulu, womwe m'bukumo umatchedwa felony, ndi uja chilango chake chimatha kukhala imfa kapena ukaidi wa zaka 3 kapena kuposerapo, pamene yotsala yonse ndi milandu yaing'ono, yotchedwa misdemeanour. Kumenya munthu khofi popanda kumuvulaza kuli m'gulu lachiwirili, koma kuba ng'ombe kapena mbuzi, komwe ena amakuyesa nkhani yongokambirana pansi pa mtengo, kuli m'gulu loyamba ndipo kungagonetse munthu kundende zaka 14.  Ku Malawi bukuli ndi limodzi, kotero kuti wolakwa wa ku Lizulu ndi wolakwa wa ku Nsanje amaweruzidwa ndi ndime zofanana.

Pakati pa milandu yaikuluyo pali ina imene majisitireti, ngakhale wa udindo wapamwamba amene amatha kulamula ukaidi wa zaka 21, saloledwa kuizenga, monga kuukira boma, kupha munthu mwadala ndi kupha munthu mosakonzekera. Kupha mwadala, komwe kuli m'ndime 209, ndi pamene wakuphayo adali ndi cholinga chochotsa moyo kapena chovulaza kwambiri, pomwe kupha mosakonzekera, kwa m'ndime 208, ndi pamene munthu wafa chifukwa cha mchitidwe wosaloledwa koma cholinga chotero padalibe, monga zimachitikira kawirikawiri anthu akagwirana pakhosi pamowa. Milandu imeneyi ndi ya Bwalo Lalikulu lokha, lomwe lili ku Blantyre, Lilongwe, Zomba ndi Mzuzu ndipo nthawi zina oweruza ake amakazengera m'maboma. Choncho pamene amalume adadandaula kuti majisitireti adangowerenga mlandu nkulamula kuti mnyamata womangidwayo abwerere ku rimandi osamva mbali yake, sikudali kuuma mtima kapena kudikira kanthu ka m'manja. Lamulo silimulola kupitirira pamenepo, ndipo pa mlandu womwe chilango chake chingakhale imfa, ngakhale belo, yomwe ndi chilolezo chodikira mlandu uli kunyumba, imachokera ku Bwalo Lalikulu basi.

Chimene pakhomo sichidamvekebe ndi chakuti mwini wa mlandu wotere si banja la womwalirayo koma boma. Ndime 99 ya malamulo aakulu a dziko a mu 1994 imapereka mphamvu yothetsa mlandu usanagamulidwe kwa mkulu woimira boma pa milandu, yemwe amatchulidwa mwachidule kuti DPP, ndipo iyenso akauthetsa amayenera kufotokoza zifukwa zake ku komiti ya zamalamulo ya ku Nyumba ya Malamulo pasanathe masiku 10. Kupita kukapepesa kwa anamfedwa, kunyamula mbuzi ndi ufa, kukhala pansi pamaso pa anyakwawa, ndi zinthu zoyenera zimene wolemba kalatayi akuzivomereza ndi mtima wonse, pakuti womwalirayo adali mwana wa munthu ndipo wasiya ana atatu omwe tsopano akudya kwa agogo awo. Koma chipepeso chimabwezera mtendere pakati pa mabanja, sichifafaniza dzina m'kaundula wa khoti, ndipo mlandu wa magazi ndiwo weniweni uja akuluakulu adati suola. Ndalama zomwe zidatumizidwa katatu konse, nkuperekedwa kwa dobadoba uja ankati amadyera limodzi ndi akuluakulu, zidagula malonjezo okhaokha, mnyamatayo akadali momwemo ndi malaya amene adamangidwa nawo, ndipo banja lidadziika pa ngozi ina, chifukwa lamulo lothana ndi ziphuphu la mu 1995 limalanga wopereka chimodzimodzi ndi wolandira.

Apa mpofunika kuti abale amve mmene ndalama zimenezo zimapezekera, chifukwa kumudzi Joni amamuonera pa zithunzi za pa WhatsApp, munthu ataimirira pambali pa galimoto ya bwana wake atavala jekete yobwereka. Wolemba kalatayi amadzuka 4 koloko m'mawa m'kachipinda ka malata momwe amagona anthu anayi, namakatchetcha kapinga ndi kusambitsa agalu a eni ake, ndipo madzulo amabwerera ndalama atazibisa m'sokosi, maso ali uku ndi uku, poopa achifwamba mbali ina ndi galimoto ya apolisi mbali inayo. Mawu akuti kwerekwere, omwe eni dziko amanyozera nawo obwera, amawamva tsiku ndi tsiku m'minibasi ndi m'sitolo, ndipo amangoweramitsa mutu chifukwa kuyankha ndi kudziitanira mavuto. Chaka chatha, chiphaso chake chitatha masiku, adagona m'chitokosi usiku unayi, atamuvula lamba ndi zingwe za nsapato nkumupatsa bulangeti lonunkha mkodzo, ndipo potuluka adapeza ntchito yake itapatsidwa kwa wina. Palibe wakumudzi adamva za zimenezi, popeza lamya yomwe idabwera sabata imeneyo idali yofunsa za feteleza wa mbatatesi.

M'chitokosimo ndimo adadziwira kuti nalonso dziko la South Africa limasanja milandu m'magulu, ndipo pa milandu ya m'gulu lachisanu ndi chimodzi la lamulo lawo la mu 1977, monga kupha kochita kukonzekera ndi kuba moopseza ndi mfuti, woganiziridwa yekha ndiye amayenera kutsimikizira khoti kuti pali zifukwa zapadera zomupatsira belo, pamene lamulo lina la mu 1997 limati wakuba ndi mfuti, ngakhale kakhale koyamba, ayambire zaka 15 pokhapokha patakhala zifukwa zamphamvu zomuchepetsera. Mmalawi wopanda mapepala ndi keyala yokhazikika amaonedwa ngati munthu woti athawa, ndipo amatha kukhala miyezi osaona nkhope ya mbale. Pa chifukwa chimenechi wolemba kalatayi sakulankhula za mng'ono wake ngati munthu wosadziwa kuzizira kwa simenti, ndipo amamuganizira usiku uliwonse.

Komabe pali chilonda chimene ayenera kuchionetsa. Amayi atamwalira iye sadathe kubwera, chifukwa akadawoloka malire sakadaloledwa kubwerera. Adaona bokosi likutsikira m'manda pa kagalasi kosweka ka lamya, atakhala kuseri kwa garaja ya bwana kuti asamuone akulira, ndipo tsiku lomwelo, dothi la pamanda lisanaume, udafika uthenga wofunsa ngati ndalama za chakudya cha adzukulu zatumizidwa. Palibe adamufunsa ngati wadya kapena ngati ali ndi womukhazika pa malirowo. Iye ndi mwana wa pakhomopo, si banki, ndipo zimamupweteka kuti akachedwa kuyankha masiku awiri amatchedwa mtchona woiwala kwawo, pamene malata a nyumba ya amalume, fizi ya ana a alongo ake ndi ngolo ija zidachokera m'sokosi yomweyo.

Mantha a amalume akuti mwana anyongedwa ndi omveka kwa munthu wa msinkhu wawo wa ku Ntcheu, amene akukumbukira Albert Muwalo, mwana wa boma lomwelo komanso mlembi wamkulu wa chipani cha Malawi Congress, yemwe adaweruzidwa ndi bwalo la mafumu pa mlandu woukira boma nanyongedwa mu 1977, nthawi imene mabwalo otero ankazenga milandu ya imfa popanda loya woimira woimbidwa mlandu. Mabwalo amenewo adatha limodzi ndi ulamuliro wa chipani chimodzi, chipitire chaka cha 1992 palibe amene wanyongedwa m'Malawi, ndipo mu 2007, pa mlandu wa Francis Kafantayeni ndi anzake, Bwalo Lalikulu lidagamula kuti nkosemphana ndi malamulo aakulu a dziko kukakamiza woweruza kupereka imfa kwa aliyense wopezeka wolakwa pa kupha, popanda kumva kaye mmene zidachitikira ndi mmene wolakwayo alili. Ntchito ya banja ili pamenepa: kusunga maina a anthu amene adaona ndewuyo kuyambira pachiyambi, kuwapempha kuti adzanene zoona zokhazokha, ndi kukalembetsa mnyamatayo ku Legal Aid Bureau, bungwe la boma lopereka maloya kwa anthu osowa. Loya ndiye angakapemphe belo ku Bwalo Lalikulu ndi kukumbutsa khoti kuti lamulo la kazengedwe ka milandu limati woganiziridwa kupha asapitirire masiku 90 pa rimandi mlandu usanayambe pokhapokha khoti litaonjezera, malire amene ambiri amawadutsa chifukwa chosowa wowalankhulira.

Mwezi uno wolemba kalatayi atumiza ndalama kamodzi, m'dzina la azakhali, ndipo akupempha kuti gawo lina likhale la ulendo wa amalume wopita ku ofesi ya maloyawo, lina la sopo, shuga, bulangeti ndi malaya a mnyamatayo, ndipo lotsala ligule matumba awiri a chimanga a ana a womwalirayo, amene aperekedwe masana pamaso pa anyakwawa popanda kupempha kanthu pobweza. Dobadoba uja akabweranso auzidwe kuti mwini ndalama wakana. Chiliza cha amayi chidikire mpaka akolole, pamene mwana wawo akuyembekeza kuti mapepala ake adzakhala atatuluka kuti adzathire nawo simentiyo ndi manja ake.