Ligi ya ku Georgia si yoseketsa

Francisco Madinga atachoka ku Wanderers kupita ku Dila Gori ya ku Georgia mu 2020, anzanga omwe ndimaonera nawo mpira pa Chitakale ndikakhala pa holide anaseka. Ati dziko lake liti limenelo, bwanji osangopita ku Joni? Ine sindinaseke nawo, ndipo mpaka lero timakanganabe.

Taganizirani za Khvicha Kvaratskhelia. Anabadwira ku Tbilisi mu 2001, n'kukasewera ku Russia, ku Rubin Kazan. Nkhondo ya ku Ukraine itayamba mu 2022 anabwerera kwawo, ku Dinamo Batumi, mu ligi yomweyo anzanga ankainyoza ija. Patangopita miyezi yochepa Napoli inamugula, ndipo mu 2023 timuyi inatenga ligi ya ku Italy koyamba chichokereni 1990. Mu 2025 anali ku PSG, akugoletsa mu fainolo ya Champions League pomwe anaswa Inter 5-0. Dziko lawolo anthu ake sakwana n'komwe 4 miliyoni. Ife tadutsa 20 miliyoni.

Sindikunena kuti aliyense wopita kumeneko adzakhala Kvara, ayi. Koma ofufuza osewera a ku Ulaya amaonera masewero a ku Batumi ndi ku Gori. Ku Mulanje Park safikako. Tabitha Chawinga naye anayambira m'timu yaing'ono ya ku Sweden mu 2014, anthu osamudziwa, asanafike ku Inter, PSG ndi Lyon.

Mnyamata wothamangitsa chikulunga m'mbali mwa minda ya tiyi akapeza mwayi wa ku Gori, ine ndingamuuze kuti akatenge pasipoti msanga.