Foni Ikatsekeka, Tisalowere Pazenera

Ife a ku Chiponde timakhala pachipata cha dziko. Mafoni ena amatipeza kuchokera ku Mandimba, ena amatumizidwa ndi abale a ku Joni, ndipo ambiri anadutsa kale m'manja mwa anthu ena. Tsiku lina foni imakana kutseguka: mwina taiwala nambala yachinsinsi, mwina ikufuna akaunti ya mwini wake woyamba. Pamenepo mnzathu amatinong'oneza za pulogalamu yaulere ya pa intaneti imene imathyola loko aliyense.

Tiyambe tadziwa chifukwa chake loko ameneyu alipo. Kampani ya Apple inamuika mu 2013, ya Google inatsatira mu 2015, kuti foni yobedwa isapindulire wakuba. Ndi mlonda wathu ameneyu.

Mapulogalamu omuthyola amafalitsidwa mwakuba, ndipo wowafalitsa sachita zimenezi chifukwa cha chifundo. Kawirikawiri amatiuza kuti tiyambe tazimitsa chitetezo cha pakompyuta, kenaka kavairasi amalowa mwakachetechete. Paja akuluakulu anati chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere. M'foni mwathu muli Airtel Money ndi Mpamba, zithunzi za banja ndi mauthenga achinsinsi. Fizi ya mlongo wathu ingathe kuzimirira usiku umodzi, ndipo foniyo ingathe kufa osadzukanso. Komanso lamulo la dziko lino la mu 2016 limaletsa kulowa m'chipangizo cha munthu wina popanda chilolezo.

Khomo lenileni lilipo. Ngati yatsekeka ndi simukhadi, nambala ya PUK imapezeka pakakhadi kamene tinagulira, kapena ku ofesi ya Airtel kaya TNM titaonetsa chiphaso. Tisalotere, pakuti tikaiphonya kakhumi simukhadiyo imafa. Ngati ndi akaunti ya Google, tingaibweze ndi nambala ya foni kapena imelo imene tinalembetsa. Ngati foni ndi yapangongole, kiyi wake ndi kulipira. Pogula yakale, wogulitsa achotse akaunti yake ife tikuona, atipatse lisiti, ndipo tiimbe *#06# kuti tifananize nambala ya IMEI ndi ya pabokosi.

Wogulitsa akalephera kutsegula foni imene akuti ndi yake, tidzifunse: kodi mwini wake sakulira kwinakwake, ku Namwera kapena kutsidya kwa malire? Apa mpamene lamulo lachisanu ndi chiwiri limatigogodera mumtima. Foni yotero tiisiye, ngakhale mtengo ukhale wokoma chotani.