Kalata kwa mphwanga: za Joseph Booth ndi chiyambi cha Malamulo

Wokondedwa mphwanga,

Uthenga wako ndinaulandira, ndipo ndakondwa kwambiri kuti akutenga ku koleji ya zaumoyo ku Malamulo. Unandifunsa kuti kodi ndani anaganiza zoika chipatala ndi sukulu yaikulu chotero ku Makwasa, pakati pa minda ya tiyi, kutali ndi tauni. Pa foni mayunitsi akanatithera nkhani isanafike pakati, n'chifukwa chake ndakhala pansi kuti ndikulembere.

Choyamba udziwe kuti tiyi anaipeza mishoniyo ili kale. Malo aja pamene ankagulidwa mu 1900, mbewu imene azungu ankadalira ku Thyolo inali khofi. Tiyi anayambira ku Mulanje m'zaka za m'ma 1890, ndipo kwathuko anafika mochedwerapo. Munthu amene anagula malowo anali Joseph Booth, Mngelezi wobadwira mumzinda wa Derby mu 1851. Ubusa sanauphunzire kusukulu iliyonse. Anachoka pakhomo pa makolo ake akadali mnyamata, ndipo zambiri zimene ankadziwa anazitola yekha m'mabuku. Mu 1880 anasamukira ku New Zealand, kenako anawolokera ku Melbourne, m'dziko la Australia, kumene bizinesi yake ya malo odyera inamuyendera bwino mpaka anakhala munthu wopeza. Analinso mtsogoleri mumpingo wa Baptist, wokonda kutsutsana pagulu ndi anthu okana Mulungu.

Tsiku lina mmodzi mwa anthu amenewa anamupanikiza. Anamukumbutsa nkhani ya m'Baibulo ya mnyamata wachuma amene anauzidwa kuti agulitse zonse, n'kumufunsa chifukwa chimene iye, wolalikira zomwezo, ankakakamirabe chuma chake. Ambiri a ife tikanaseka n'kupita kunyumba. Booth anagulitsa bizinesiyo mu 1891. Mkazi wake Mary Jane anamwalira chaka chomwecho, ulendo uli pafupi, koma iye sanasinthe maganizo. Mu August 1892 anatulukira ku Blantyre atagwira dzanja la mwana wake wamkazi Emily, yemwe anali asanakwanitse zaka khumi. Mnyamata wake Edward anawatsatira pambuyo, ndipo malungo anamutenga mu 1894.

Booth anabwera ndi mutu wa munthu wamalonda, ndipo apa m'pamene anasiyana ndi amishoni amene anawapeza. Iye sankafuna mishoni yodalira chopereka cha ku Ulaya chaka ndi chaka. Masamu ake anali akuti mugule malo, mubzale khofi, phindu lake lilipire aphunzitsi ndi kumanga masukulu, ndipo zotsala zikatsegule mishoni ina, nayonso ibale inzake. Ndi nzeru imeneyi anayambitsa Zambezi Industrial Mission ku Mitsidi. Anathandizanso kuyambitsa Nyasa Industrial Mission, imene inafika mpaka ku Ntambanyama kwathu komweko, ndi mishoni ya a Baptist ku Gowa m'boma la Ntcheu. Ukamva za mpingo wa Zambezi Evangelical kapena Evangelical Church of Malawi, mizu yake ili kumeneko.

Adani sanachedwe kuwapeza. Antchito ankawalipira kuposa mmene ankalipirira eni minda ngakhalenso a mishoni ya Blantyre, choncho anthu ankathawira kwa iye, ena mwa iwo ophunzira kale amene a Church of Scotland anavutika nawo kuwaphunzitsa. Ankabatizanso msanga, osadikiritsa munthu zaka zambiri m'kalasi. Pakati pa amene anabwera kudzafuna ntchito panali mnyamata wa ku Chiradzulu, John Chilembwe, amene anayamba ngati wantchito wa m'nyumba ndipo ankasamalira Emily bambo ake akachoka. Booth anamubatiza pa 17 July 1893. Mu 1897 anamutenga pa sitima kupita naye ku America, kumene mpingo wa anthu akuda wa National Baptist Convention unamulipirira maphunziro ku Lynchburg, m'chigawo cha Virginia. Chaka chomwecho Booth anasindikiza buku lake lotchedwa Africa for the African. Nkhope imene umaiona pa K2,000 ija ndi ya munthu amene Booth anamutsegulira khomo la sukulu, ngakhale kuti atafika ku America awiriwa anayenda njira zosiyana.

Tsono za Malamulo. Ali ku America, Booth anakumana ndi a Seventh Day Baptist a mumzinda wa Plainfield ku New Jersey, anayamba kusunga Sabata, ndipo anawakopa kuti aike ndalama m'munda wa khofi ku Nyasaland. Anabwerera kuno mu 1899 ndi mkazi wake wachiwiri, Annie. Asanabzale ngakhale mtengo umodzi, anachita chinthu chimene ine ndimachiona chachikulu kuposa zonse zimene anachita. Analemba chikalata chopita kwa Mfumukazi Victoria n'kuyamba kuchiyendetsa kuti anthu asaine. Masiku amenewo boma la atsamunda linkatolera msonkho wa nyumba wa mashiling'i atatu pachaka, koma silinali ndi sukulu ngakhale imodzi. Maphunziro onse anali m'manja mwa amishoni. Chikalatacho chinapempha kuti ndalama yonse ya msonkhowo izigwira ntchito yophunzitsa ana a eni dziko, kuti anthu osachepera asanu mwa anthu 100 alionse apatsidwe maphunziro apamwamba kwaulere, kuti anthu akuda asamakakamizidwe kunyamula mfuti pomenyana ndi akuda anzawo, ndiponso kuti pakatha zaka 21 dziko libwerere kwa eni ake.

Taganiza, mphwanga, umu munali mu 1899. Agogo a agogo athu mwina anali asanawoloke n'komwe malire kuchokera ku Mozambique. Alfred Sharpe, amene ankayendetsa boma pa nthawiyo, anaona chikalatacho ngati choukira, ndipo Booth anathawira m'dziko la Apwitikizi. Anamulola kubwerera mu 1900 atalonjeza kuti za ndale wazisiya. Apa m'pamene anagula munda wa maekala pafupifupi 2,000 kumwera kwa boma la Thyolo, n'kuutcha Plainfield potengera kwawo kwa eni ndalama aja.

Khofi anamugwiritsa fuwa lamoto. Zaka zimenezo Brazil anadzaza msika wa dziko lonse ndi khofi, mitengo inagwa, ndipo kunoko chilala ndi tizilombo zinamalizitsa zotsala. Eni minda ambiri m'mapiri a Shire anasiya khofi n'kutembenukira ku fodya, thonje, kenako tiyi. Munda umene unayenera kudyetsa sukulu unasanduka wofuna kudyetsedwa, ndipo a ku Plainfield anatopa nako kutumiza ndalama. Mu 1902 anagulitsa malowo kwa a Seventh-day Adventist, ndipo amene analumikiza malondawo anali Booth yemweyo, atalowa mpingo watsopanowu. Anabwera ndi banja la Thomas Branch, munthu wakuda wa ku America. Patangopita miyezi yowerengeka awiriwa anasemphana, Booth ananyamuka, ndipo dziko lino sanalipondenso. Boma linamuletseratu kulowa mu 1907, chaka chomwe Joel Rogers anafika pamishonipo n'kusintha dzina la Plainfield kukhala Malamulo.

Ndisakunamize kuti anali munthu wosavuta. Anali ngati mlimi amene amaswa mphanje n'kubzala, koma nthawi yopalira ikafika ali kale kutsidya, akuswa mphanje ina. Anakangana ndi pafupifupi komiti iliyonse imene inamutuma, kawirikawiri pa nkhani ya ndalama ndi ya ulamuliro. Mipingo anasintha kangapo: Baptist, Seventh Day Baptist, Adventist, Church of Christ, mpaka Watch Tower. Ku Cape Town ndiye anaphunzitsa Elliot Kamwana, amene anabwerera kwawo ku Nkhata Bay n'kubatiza anthu zikwizikwi boma lisanamugwire mu 1909. Ngakhale akuda amene ankawamenyera nkhondo sanamukhulupirire onse. Mu 1896 anaitanitsa Azulu ophunzira ku Natal kuti asonkhe ndalama zoyambitsira makampani a anthu akuda okhaokha, a minda, migodi ndi zamtengatenga. Anakambirana usana ndi usiku, ndipo pomaliza anamukana poyera, ati mzungu aliyense ngosadalirika, iyenso yemwe. Ine sindiwadzudzula. Malo awo anali atalandidwa ndi anthu olankhula mokoma ngati iyeyo.

Chilembwe ataukira atsamunda mu January 1915, boma linakumbukira amene anamubatiza. Booth anali munthu wodana ndi nkhondo moyo wake wonse ndipo za kuukirako sanakonze nawo, komabe anamuthamangitsa kumwera kwa Africa chaka chomwecho n'kumubweza ku England. Munthu amene kale anali ndi chuma ku Melbourne anakalamba ali wosauka, ndipo anamwalira mu 1932 m'tauni ya Weston-super-Mare.

Ukadzamva wina akunena kuti Booth ndiye anamanga Malamulo, udzamuuze kuti Booth anagula malo. Amene anamanga ndi amene anatsala. Mabel Branch, mwana wa Thomas, ndiye anaima kutsogolo kwa ana m'sukulu yoyamba ya a Adventist pamalopo. Morrison Malinki, amene anali ndi Booth ndi Chilembwe kuyambira masiku a ku Mitsidi, anatsegula masukulu ake m'midzi, kenako anagwira ntchito ndi mishoniyo zaka zambiri, ndipo mwana wake James Malinki anakalalikira ndi kuphunzitsa mpaka kunja kwa dziko lino. Pambuyo pawo panabwera aphunzitsi a m'midzi amene mayina awo sanalembedwe pamwala uliwonse, oyenda pansi ndi sileti ndi choko. M'zaka za m'ma 1920 Malamulo inatchuka ndi ntchito yochiza khate, ndipo odwala ankachokera kutali kudzagona pamenepo. M'zaka za m'ma 1930 anayamba kuphunzitsa achinyamata akuda ntchito yachipatala. Kalasi imene ukalowemo inachokera kumeneko.

Uku mishoni ikukula, tiyi anali akuzungulira mbali zonse, ndipo moyo wa m'maesiteti unali wina. Makolo athu Alhomwe atawoloka malire anapeza malo onse abwino ali ndi eni, ndipo kuti munthu amange nyumba ankalipira ndi thangata, miyezi ya thukuta lake m'munda wa mzungu. Mwana akangotha kunyamula khasu kapena dengu, kapitawo ankamuona ngati wantchito. Kwa eni minda ambiri sukulu inali chosokoneza. Ku Magomero, pa minda ya A. L. Bruce, matchalitchi a Chilembwe, amenenso anali masukulu, ankatenthedwa. Zinthu zinasintha pang'onopang'ono. Lero maesiteti angapo ali ndi sukulu za pulayimale ndi zipatala zazing'ono, monga Satemwa, imene Maclean Kay anayambitsa mu 1923 ndipo ikadali m'manja mwa banja lake. Zimenezi n'zabwino ndipo ana ambiri apindula nazo. Koma iwe ukudziwa bwino mmene zimakhalira pakhomo mwezi wa June kapena July, tiyi akasiya kuphuka, aganyu atachotsedwa, fizi ya sekondale ikufunika. Sukulu yodalira mbewu imadwala mbewuyo ikadwala, ndipo Booth anaziona zimenezi ndi maso ake mu 1901.

N'chifukwa chake ndimabwerera ku chikalata chija. Chuma chake anapereka, inde, ndipo ndi anthu ochepa amene angachite zimenezo, koma chinatha m'zaka zochepa. Mfundo ya m'chikalata inali yolimba kuposa mphatsoyo, chifukwa inkanena kuti mwana wa wokhoma msonkho sapempha sukulu ngati chifundo, makolo ake analipira kale. Boma la atsamunda linayamba kupereka kathandizo kochepa ku masukulu a mishoni mu 1907, ndipo dipatimenti ya maphunziro inakhazikitsidwa mu 1926. Sekondale yoyamba, ya Blantyre, inatsegulidwa mu 1940. Yunivesite ya Malawi inalandira ophunzira ake oyamba mu 1965. Pulayimale yaulere inadikira mpaka 1994, patapita zaka 95 chilembereni chikalatacho. Ngakhale yunivesite ya MUST ku Ndata, imene inatsegulidwa mu 2014 pa malo amene anali a Bingu wa Mutharika, inamangidwa ndi ngongole ya ku China, ndipo ngongole yotero amabweza ndi amayi akamagula sopo ndi shuga pagolosale. Anthu olemera amene amalipirira ana a eni fizi ndimawalemekeza, ndipo ukapeza basale usaikane. Koma usamadzione ngati wopemphetsa pakhomo la sukulu.

Ukafuna kuwerenga zambiri, ukafunse ku laibulale buku la George Shepperson ndi Thomas Price lotchedwa Independent African, la mu 1958, kapena la Harry Langworthy, mdzukulutuvi wa Booth, lofotokoza moyo wake wonse, limene a Kachere anasindikiza mu 1996. Onse ndi a Chingerezi ndipo ndi onenepa, koma sukagona nawo.

Kunena za ulendo, kumbukira kuti kumeneko Sabata amalisunga ndithu, kuyambira Lachisanu dzuwa likalowa mpaka Loweruka madzulo, choncho zogula uzigula nthawi ikadalipo. Ku Makwasa kumazizira, utenge juzi ndi bulangete lachiwiri. Ndalama ya yunifolomu ndi ya thiransipoti nditumiza pa foni ya amayi mwezi ukatha, ndipo undilembere mndandanda wa mabuku amene akufuna kuti ndione amene ndingawapeze kuno. Upereke moni kwa amayi, kwa amalume ndi kwa alongo ako onse.

Ndine mkulu wako.