Nkhope za pa Zitsa

Ine amene ndinabadwira kuno ku Dambe, kumapiri ozizira a Neno kumene tirigu ndi kachewere zimalimidwa moyang'anana ndi malire a Mozambique, ndinalandira sompho m'manja mwa malume anga ndisanamere ndevu, ndipo kwa zaka zambiri ndinkayesa kuti luso la wosema limathera pa mtondo, munsi, chipande ndi mpando. Malumewo ankati mtengo uliwonse uli ndi mtima wake: mlombwa ngofatsa, umamvera tchizulo ngakhale umakha madzi ofiira ngati mwazi, muwanga ngouma khosi, umabunthitsa nkhwangwa, mbawa ngwaulemu, woyenera chitseko cha mfumu. Ndikapupuluma ankandigwira dzanja nandikumbutsa kuti kuona maso a nkhono n'kudekha, pakuti mtengo wosemedwa uli wauwisi umang'aluka ndi kumchititsa manyazi mmisiri pamaso pa wogula.

Maso anga anaphenyuka mu 2022, pamene mdzukulu wanga anandionetsa pa foni ntchito ya Samson Kambalu, mwana wa dziko lino wophunzitsa ku Oxford, imene inaimikidwa pa Trafalgar Square mu London ndi kutchedwa Antelope. Iyeyu anatenga chithunzi cha 1914 cha M'busa John Chilembwe ndi mmishonale John Chorley, nawaumba onse awiri. Koma Chilembwe anamkuza msinkhu koposa mnzakeyo, namsiyira chipewa kumutu, chimene m'masiku a atsamunda munthu wakuda sankaloledwa kuvala pamaso pa mzungu. Chimene chinandilasa mtima si msinkhuwo ayi, koma pamalo pamene anamuimika: pakati penipeni pa likulu la ufumu umene asilikali ake anamuwombera mu 1915. Choumbacho chikadaima pena, chikadanena mawu ena.

Tsono ndinakwera chitunda cha kuseri kwa mudzi wathu, kumene otentha makala anasiya zitsa zokhazokha, ndipo sindiwaweruza anthu amenewa, popeza ndi abale anga ndipo matumba awo amene amatsikira ku Zalewa ndiwo amadyetsa ana. Ndinangogwada ndi kuyamba kusema nkhope pa zitsazo zili chiimire m'nthaka, osazula ngakhale chimodzi. Pali nkhalamba yoyang'ana kumadzulo, pali mayi wobereka khanda, pali mnyamata wotsinzina. Ndimasema m'mamawa mame asanakamuke, ndi kutsata mzere wa mtengowo kumene ukupita, osaukakamiza.

Mlendo wina wa galimoto anafuna kugula nkhalamba ija, nanena mtengo umene ukadandifoletsa nyumba ndi malata, koma ndinamkaniza mwaulemu, chifukwa pakhonde la m'tauni ikadasanduka chidole, pamene pachitundapo amayi opita kukatola nkhuni amaima, natula mitolo yawo, nayamba kutchula mitengo imene inali pamenepo iwo ali atsikana.

Chiswe chayamba kale kudya mnyamata uja, ndipo ndachileka. Koma chitsa cha mayi wobereka, chimene ndi cha mlombwa, chaphuka nthambi ziwiri paphewa mvula yapitayi, ndipo dzulo ndinachitchingira ndi minga kuti mbuzi zingadye.