Jagari anamupeza, nanga athu?

Kuno ku Mchinji, Chipata ndi pakhomo, komabe gulu la WITCH la ku Zambia ndinalidziwira pa foni. Filimu ya 2019, We Intend to Cause Havoc, imatsata Jagari Chanda, katswiri wa Zamrock wa m'ma 1970 yemwe moyo unamufikitsa kokumba miyala. Mafilimu oterewa amandikoka chifukwa amaonetsa zomwe woimba amatsala nazo nthungululu zikatha. Kujambulako kunabwezera mdalayu pa siteji, mpaka ku Ulaya. Koma woijambula anali Mtaliyana, Gio Arlotta.

Nanga kwathu kuno? Evison Matafale anamwalira mu 2001, Musamude Fumulani mu 2007. Odziwa mbiri ya Black Missionaries akadalipo ku Chileka. Makamera tili nawo m'matumba, abale. Tidikirenso mlendo kuti adzawafunse?