Zaka Zimene Zinali ndi Mayina ku Bua

Mwa zinthu zimene zazimirira mwakachetechete m'midzi ya ku Bua, kumene mtsinje wa dzina lomweli umathira m'nyanja ya Malawi kumpoto kwa boma la Nkhotakota, ndi luso lotchula zaka ndi mayina. Lero munthu akafunsidwa kuti anabadwa liti, amapisa m'thumba natulutsa chiphaso cha unzika, chimene kalembera wake wamkulu anachitika mu 2017, ndipo amangoloza manambala anayi. Koma m'zaka za m'ma 1970, pamene mlembi wa nkhani ino anali mwana wopirikitsa mbalame m'minda ya mpunga, funso lomweli linkatsekula nkhani yotha usiku wonse.

Agogo ake aakazi a mlembi sankadziwa kulemba, komabe sankasokoneza ndondomeko ya zaka, pakuti chaka chilichonse chachikulu chinali ndi dzina lake. Ankati iwo anabadwa itangotha nkhondo ya Jeremani, m'chaka cha fuluwenza, nthenda imene mabuku amaiika mu 1918 ndi 1919; anatha msinkhu m'zaka za dzombe; mwana wawo wachisanu anayamwa m'njala ya 1949; ndipo denga la nyumba yawo linafoleredwa chaka chimene Kamuzu anachititsa msonkhano waukulu pa Kotakota, mu 1960. Mdzukulu akafunsa kuti, “Agogo, nanga ine ndinabadwa liti?” ankayankhidwa kuti, “Iwe mwanawe, unapeza mashereni akutha, kwacha ikulowa,” kutanthauza 1971. Yankho lotere linkapatsa mwana chaka chake pamodzi ndi mbiri ya dziko limene anabadwiramo.

Chaka chenichenicho ankachizindikira poyang'ana chilengedwe. Chinkayamba ndi mvula yoyamba ya dzinja, chinkadutsa m'masika pamene mpunga wa faya unkacha, kenaka m'chisanu pamene mwera, mphepo yochokera kummwera, unkatsekereza asodzi kumtunda, mpaka m'chilimwe pamene makaka a chinangwa ankauma pa thandala kudikira kusinjidwa kukhala ufa wa kondowole. Mpasa ukakwera mtsinje wa Bua kukaswa, amuna ankatchera mono nadziwa kuti chaka china chapita, ndipo nkhalamba zinkayang'ana nsangwe, kagulu ka nyenyezi zounjikana, kuti zidziwe ngati nthawi yososa yayandikira. Masiku a ulendo ankawerengedwa pomanga mfundo pa chingwe, ndipo miyezi inkawerengedwa mwezi ukaoneka ndi ukafa.

Chimene sichinaliko ndi chizolowezi chodula nthawi m'magawo ofanana a zaka khumikhumi kapena zana limodzilimodzi. M'malo mwa zaka khumi, anthu ankatchula amsinkhu umodzi, monga atsikana amene analowa tsimba limodzi pa chinamwali kapena anyamata amene anapita ku jando pamodzi, ndipo aliyense ankadziwa gulu limene linatsogola ndi limene linatsatira. M'malo mwa zaka zana, ankawerenga mibadwo ndi mafumu amene analowa dzina limodzi motsatizana, kotero kuti munthu akati “nthawi ya Jumbe”, onse ankamva kuti akunena za masiku a agogo a agogo, kuyambira pamene Jumbe woyamba, Salim bin Abdallah, anakhazikika pa Nkhotakota cha m'ma 1840 mpaka ulamuliro wa a Jumbe utatha m'ma 1890. Mkuyu umene Livingstone anakhala pansi pake m'ma 1860 unali ngati chikhomo china cha nthawi yomweyo.

Anthu a ku Bua sanali okha pa kawerengedwe kotere, pakuti Aroma akale ankatcha chaka ndi mayina a akuluakulu awiri a boma osankhidwa chakacho, Agiriki ankawerenga magawo a zaka zinayi pakati pa masewera a ku Olympia, ndipo mitundu yambiri inkangoti chaka chakuti cha mfumu yakuti. Kawerengedwe kamene kali pa makalendala athu kanakonzedwa mu 525 ndi mmonke wotchedwa Dionysius Exiguus, amene anayambira pa kubadwa kwa Khristu, koma popeza m'manambala a Aroma munalibe ziro, chaka cha 1 chisanafike chimene chilipo ndi chaka cha 1 Khristu asanabadwe. N'chifukwa chake zana loyamba linayamba mu 1 n'kutha mu 100, ndipo zana la 21 linayamba pa 1 Januwale 2001, ngakhale kuti ng'oma zambiri zinalira polowa mu 2000. M'zaka za Khristu asanabadwe manambala amayenda chafutambuyo, moti chaka cha 500 ndi chakale kuposa cha 400, chinthu chimene chinkazunguza mitu ya ana asukulu ambiri.

Kawerengedwe aka kanafika m'dera la Bua ndi amishoni a UMCA, amene anakhazikika pa Nkhotakota mu 1894, ndipo kanapeza kalendala ina itafika kale ndi Aswahili a Jumbe. Kalendala ya Chisilamu imayambira pa hijira, kusamuka kwa Mtumiki Muhammad kuchoka ku Mecca kupita ku Medina mu 622, ndipo chaka chake, chotsata mwezi, chili ndi masiku 354 kapena 355, motero Ramadani imabwerera m'mbuyo ndi masiku pafupifupi 11 chaka chilichonse n'kuzungulira nyengo zonse m'zaka pafupifupi 33. Nkhalamba za kumzikiti zinkagwiritsa ntchito kuzungulira kumeneku ngati muyeso wa mbadwo, zikamati kusala kwabwereranso m'dzinja monga kunalili paunyamata wawo. Mu Novembala 1979 Asilamu analowa m'chaka cha 1400, ndipo miyezi yotsatira nyanja inadzaza kwambiri n'kumiza minda ya m'mphepete, kotero kuti chaka chimodzi chomwecho chinali ndi nambala ya kumzikiti, nambala ya kutchalitchi ndi dzina la kumudzi, lakuti chaka cha madzi.

M'menemo ndi mmene munali ukoma wa zaka zimenezo, pakuti makalendala atatu ankakhala m'mudzi umodzi popanda kulandana malo. Mphunzitsi ankalemba deti pa bolodi, shehe ankadikira mwezi kuti uoneke, agogo ankamvetsera mphepo, ndipo mwana wolowa sukulu ankangouzidwa kupyoletsa dzanja pamutu kuti agwire khutu la mbali ina, msinkhu wake n'kudziwika. Madzulo, nsima ya kondowole itatha, zaka zinkatchulidwa chimodzichimodzi pamoto ngati mayina a abale amene anatsogola.

Palibe angakane kuti manambala athandiza, chifukwa mlingo wa mankhwala, penshoni ndi mayeso zimafuna tsiku lenileni, ndiponso nkhalamba ziwiri nthawi zina zinkatsutsana kuti dzombe ndi chilala chinayamba n'chiti. Koma achinyamata a lero, amene foni imawauza tsiku ndi ola, ambiri sangathe kunena chimene chinagwera mudzi wawo m'chaka chimene anabadwa, ndipo ngakhale nyengo zimene zinkasunga chaka zasokonekera, mvula ikuchedwa, mpasa nawo wachepa m'mtsinje.

Akuluakulu ndi m'dambo mozimira moto, ndipo amene akukumbukira mayina a zaka atsala owerengeka. Aphunzitsi, mafumu, mashehe ndi abusa a ku Bua achite changu kukhala nawo pansi, alembe dzina la chaka chilichonse pambali pa nambala yake, kuyambira chaka cha fuluwenza mpaka njala ya 2002 ndi kubwera kwa njovu m'nkhalango ya Nkhotakota mu 2016, kuti ana a m'tsogolo adzadziwe chimene makolo awo anaona m'chaka chilichonse.